Njovu ya Mnyanga Umodzi M'munda mwa a Jairos

Kuno kwathu kunkamveka kuti munthu akakadandaula za apolisi kwa majisitireti, amamukweza Landirova, kumuwolotsa Luangwa, n'kumusiya mu gemu, nkhalango yosungirako nyama, atamuvula nsapato, kuti afisi amalize mlanduwo. Umboni unalipo: Cosmas wa ku Chinzombo anadandaula, anakwera, sanabwerenso. Ineyo ndinkakhulupirira Lolemba, Lachiwiri n'kukayika. Koma a Jairos Sakala ankakhulupirira sabata yonse.

A Jairos anali mlimi wa mapira, wamtali ngati mgwalangwa, mtima wa nkhanga. Anabadwira m'chigwa momwemu, anakwatira a Tabeth, ndipo kutchalitchi ankaimba besi yogwedeza mabenchi. Moyo wawo wonse sanaphepo chinthu choposa mlamba. Ntchito yawo inali kukhala pansanja pakati pa munda n'kumaguguda chitini kuti mbalame ndi njovu zidutse kwina.

Chaka cha 1969, njovu ina yokalamba inasankha kudzafera m'munda mwawo. Tonse tinkaidziwa. Mnyanga wake wakumanja unathyoka ife tisanamere ndevu, n'chifukwa chake ana ankaitcha Manzere. A Jairos sanaikhudze ngakhale mchira. Anapalasa njinga kukanena kwa Hosea, mwana wa mlongo wawo, amene anali sikauti wa gemu. Hosea anazula mnyanga umodziwo, anakaupereka kuboma, kenako ananyamuka ulendo wa masabata atatu wolondera m'tchire.

Apa m'pamene panatulukira sajeni wa polisi, mlendo wochokera kumigodi, amene njovu ankaidziwa ya m'buku la kusukulu. Ya m'bukuyo ili ndi minyanga iwiri.

"Mdala, winawo uli kuti?"

"Unali umodzi, bwana."

"Njovu ya m'munda mwako yokha ndiye Mulungu anaisiya osaimaliza?"

Anakumba pansi m'nyumba. Anasasula denga, anakhuthula nkhokwe, anafukula ndi m'khola la mbuzi momwe. Ife aneba tinkadziwa za Manzere, koma tsiku limenelo aliyense anapezeka kuti ali ndi ntchito kuseri kwa nyumba yake. Inenso ndinali nayo.

Kuyambira pamenepo, seveni koloko iliyonse a Jairos ankayenera kukhala atafika papolisi. Ankawanjutitsa padzuwa atagwira makutu, bambo wa ana asanu, mpaka faifi. Funso linali lomwe lija. Tsiku lina yankho lomwe lija linabweretsa khofi, khutu lakumanzere n'kuyamba kutuluka madzi. Mlandu sunalembedwe paliponse. Powamasula sajeni ankangoti, "Mawa ubwere ndi bulangeti. Mkazi wakonso abwere ndi lake."

Besi ija inauma. Akamva injini, ngakhale lole ya azungu odzaona nyama, a Jairos ankalowa mu udzu n'kugona chafufumimba mpaka fumbi litakhala pansi.

"Bambo a Susan, idyani," ankatero a Tabeth. "Akakumangani akamange munthu, osati nthiti."

Hosea atabwera kutchire anawapeza atakhala kuseri kwa nkhokwe.

"Mwaswera bwanji, amalume?"

"Lankhulira mbali iyi. Uku anatseka."

Atamva zonse, Hosea anatulutsa buku lake lolembamo nyama zimene amakumana nazo. Manzere analimo kuyambira 1961, ndipo paliponse analembedwa kuti mnyanga umodzi.

"Amalume, wapolisi alibe mphamvu yokumenyani. Ngati ali ndi mlandu, akutengereni kukhoti. Ngati alibe, akusiyeni. Mawa pitani kuchipatala akakulembereni kalata ya khutulo. Lachinayi majisitireti akubwera, ine ndikhala mboni."

"Nanga Cosmas?"

Hosea anakanda m'mutu. "Za Cosmas sindikudziwa."

Kuchipatala anapita, koma za khoti anazikana masiku awiri. Koma Lachitatu sajeni anatumiza uthenga woti a Tabeth akaonekerenso papolisi, ndipo a Jairos anaona kuti bola afisi. Lachinayi m'mawa anasiyira mkazi wawo khasu ndi chitini, ananena wotenga njinga, kenako anavala nsapato za kutchalitchi n'kuzikulunga ndi luzi mpaka m'akakolo, mfundo pamwamba pa mfundo. Wozivula akatope.

Khoti linakhala m'kalasi ya sukulu. A Jairos analankhula motsitsa kwambiri moti womasulira anachita kuwaika khutu pakamwa. Majisitireti anawerenga kalata ya kuchipatala, anavundukula buku la Hosea tsamba ndi tsamba, kenako anafunsa sajeni kuti mlandu wa munthuyu unalembedwa pati. Sajeni anayang'ana bolodi.

"Bambo Sakala, papolisi musapitenso. Palibe mlandu. Koma za khutu lanuli mukazinene nokha kwa akuluakulu a polisi ku Chipata. Mukwera nafe."

A Jairos anafuna kunena kuti khutu lachira. Koma panja Landirova inali italira kale, ndipo anthu anawapatukira njira monga amachitira ndi bokosi la maliro. A Tabeth anaphimba nkhope ndi chitenje.

Anakhala kumbuyo, manja ali pa luzi. Pamphambano pomwe njira ina imatsikira kumtsinje anatsinzina n'kuyamba pemphero la Ambuye, koma ankangobwereza mzere woyamba. Anadikira kumva madzi. Anadikirabe. Kenako injini inayamba kubuula pachitunda, mphepo n'kuzizira, ndipo atatsegula diso limodzi anaona chigwa chonse chili m'munsi.

Ku Chipata chitseko chakumbuyo anatsegula mesenjala wa khoti wonenepa, wa yunifolomu ya kaki. Anayang'ana nkhope, anayang'ana luzi.

"A Sakala, muli bwanji? Nsapatozi zalakwa chiyani?"

Anali Cosmas. Atamaliza kudandaula chaka chija anapeza ntchito pakhoti pomwepo, anakwatira, ndipo kulemba kalata sankadziwa. Mu gemu sanasiyidwemo munthu aliyense.