Njinga Pakhonde la Kassimu

Kassimu wakhala akugulitsa nsalu pamsika wa Mzimba kwa zaka khumi. Alimi ochokera ku Manyamula anazolowera kusiya njinga pakhonde la shopu yake, ndipo iye sankakana. Lachisanu lililonse Asilamu anzake akamapita kumzikiti, iye ankatsalira kulondera njinga za eni ake.

Lachisanu lina a Zondwayo, mlimi wa fodya, anatsamiritsa njinga yawo monga mwa nthawi zonse.

"A Zondwayo, lero musasiye njinga pano," anatero Kassimu. "Masana ndikutseka, ndikupita kukaswali kumzikiti. Masiku ena onse muzisiya."

A Zondwayo anaitenga njingayo osadandaula.

"Mbwenu mukanatiuza kale, bambo. Ife timayesa simupemphera."