Pansi pa Galaja ya a Gwanda

A Kizito Gwanda anamanga galaja asanagule galimoto. Anthu a ku Chinsapo ankawaseka nazo, koma iwo analibe nazo ntchito. Anabwera ku Lilongwe ali mnyamata kuchokera ku Bembeke, m'boma la Dedza. Anayamba ndi kukweza mabelo a fodya pa lole, kenako anapeza laisensi n'kukhala dalaivala mpaka imvi zinatuluka. Anayendetsa malole a eni, mapikapu a eni, ndipo kwa kanthawi anayendetsako minibasi ya ku Likuni. Akaweruka ankasiya galimoto kuntchito n'kukadzipanikiza m'minibasi ngati wina aliyense.

Puloti yawo inali pamalo otsetsereka. Nyumba inakhala kumtunda, yokwera ndi masitepe ataliatali. Galaja anaimanga kumunsi, moyang'ana msewu, pafupi ndi bafa ndi chimbudzi chapanja. Makoma anali a njerwa zootcha, denga la malata, chitseko chachitsulo chotsegukira mbali ziwiri. Chimene sanamalize chinali pansi pokha. Panali dothi lofiira lomwe lija, atangothirapo fumbi la miyala n'kulipondaponda.

Sikuti anaiwala ayi. Nkhani ya pansi pa galaja ankaikonda kuposa mpira. Lamlungu akachoka ku tchalitchi, a Maxon, mmisiri womanga nyumba wa m'dera lomwelo, akangoima pageti kuti apereke moni, ankagwidwa mpaka dzuwa kupendeka.

"Njerwa zoyala ayi," a Gwanda ankatero. "Oyilo akatayikirapo amalowerera. Mabuloko aja amayala panja amagwedera, jeke sikhazikika. Simenti yosalala imaterera matayala akanyowa. Matailosi ndiye musatchule n'komwe, sipanala ikangogwa aphwanyika."

"Nanga mukufuna chiyani, madala?"

"Konkire yokhuthala, ya miyala ya kwale, mawaya m'kati. Pamwamba mukokepo tsache pakhale pokakala. Ndipo ipendekere kukhomo kuti madzi azituluka okha."

"Ndiye tiyeni tithire."

"Galimoto ibwere kaye, tione kulemera kwake."

Galimotoyo inabweradi atapuma pantchito. Inali yakale, yoyera, yomwe inadutsa m'manja ambiri, koma inali yawo. Anaikonza okha injini. M'mawa ankakasiya akazi awo, a Veronica, ku msika kumene ankagulitsa zitenje, ndipo kamodzi anapita nayo ku Bembeke kumaliro, abale n'kuizungulira kuisirira. Mchenga ndi miyala zinali zitatsitsidwa kale pabwalo, a Maxon akungodikira kuitanidwa.

Tsiku lina m'mawa akutsuka galimoto, ndowa inawapulumuka m'manja. Anafuna kuitola, mkono sunamvere. Anafuna kuitana akazi awo, pakamwa panangotuluka phokoso. A Veronica anawapeza atagona m'matope pafupi ndi tayala, maso ali tong'o.

Anakhala m'chipatala pafupifupi mwezi. Madokotala anati ndi sitiroko. Anatuluka mbali yakumanja itafa, mawu atatsala ochepa. Ankamva zonse zimene anthu ankalankhula, koma akafuna kuyankha mawu ankathawa, mwina kutuluka ena osakhala amene anawafuna.

Tsiku lofika, amuna a nyumba zoyandikana anawanyamula ndi chikuku chomwe kukwera masitepe aja. A Gwanda anali munthu wa thupi, ndipo amunawo anafika pakhonde ali wefuwefu. A Veronica anayang'ana masitepe, anayang'ana bafa kumunsi kuja, n'kukumbukira kuti kuchipatala ayenera kumapitanso pafupipafupi. Sabata isanathe, galimoto inakankhidwira panja n'kufunditsidwa tenti, bedi n'kutsitsidwira m'galaja.

"N'kwa kanthawi chabe, bambo a Jemima," anatero a Veronica. "Mwendo ukalimba tikwera."

Dothi lija linayamba kuonetsa khalidwe lake. Matayala a chikuku ankatitimira. Akamawasambitsa pabedi, madzi otayika ankasandutsa pansi matope. Kukauma, fumbi linkakwera pa zofunda, a Gwanda n'kumatsokomola. Jemima, mwana wawo woyamba, yemwe ankaphunzitsa ku pulayimale ku Area 25, anabwera Loweruka lina, anaona mmene zinalili, n'kuitanitsa mchimwene wake Trevor pamodzi ndi a Maxon kuti akambirane.

Anakhala mozungulira bedi. Jemima anatulutsa tailosi limodzi m'chikwama.

"Awa ndi osaterera. Ndafunsa m'sitolo, akuti amaika m'mabafa. Kungopukuta kamodzi payera."

"Pa dothi ili matailosi sangakhale okha," anatero a Maxon. "Pafunika konkire pansi, kenako iwowo pamwamba."

"Bwanji simenti yosalala ngati ya m'nyumba?" anatero a Veronica. "Wokolopa ndine. Imene ija ndinaizolowera."

Trevor, yemwe ankagulitsa zipangizo za mafoni m'tauni, anati angothira simenti pang'ono n'kuyalapo kapeti wa pulasitiki uja amagulitsa pa mita. Jemima anati ameneyo amang'ambika ndipo amakola phazi. Anakangana kwa nthawi, mawu akudutsa pamwamba pa bedi ngati mwini wake palibe.

A Gwanda anamenya chitsulo cha bedi ndi dzanja lamanzere. Analoza panja pomwe panali mulu wa miyala, umene unali utamera udzu. Analoza tsache lomwe linali pakona. Kenako analoza tenti ija.

"Ga... galimoto."

"Adadi," anatero Jemima mofatsa, "muno tsopano ndi chipinda chanu. Tikufuna pansi poyenera munthu."

"Ayi."

Mawu amenewa okha ndi amene ankatuluka athunthu nthawi zonse. Jemima anayesa kufotokoza za ukhondo, za zilonda, za msana wa mayi ake. A Gwanda anatembenukira kukhoma, misozi ikutsikira m'khutu. A Veronica anamukoka Jemima dzanja n'kutuluka naye panja.

"Iwe sukumva zimene akunena bambo ako," anatero chapansipansi. "Ukaika matailosi muno wawauza kuti sadzatulukamo."

"Nanga adzatulukamo, amayi?"

A Veronica anangoti a Maxon achite zimene eni ake akufuna.

Popeza wodwala analibe kopita, a Maxon anathira konkireyo theka, bedi lili mbali ina. Italimba anasuntha bedi n'kuthira theka linalo. Masiku amenewo a Gwanda anakhala ngati achira. Ankadzuka msanga, kupempha kuti awakhazike tsonga, n'kumaloza ndi chala pamene waya wapindika, pamene miyala yachepa. A Maxon akukoka tsache pamwamba pa konkire yaiwisi, a Gwanda anaseka mokweza, kuseka koyamba chichokereni m'chipatala. Anadya nsomba yonse tsiku limenelo.

Konkire inatuluka monga anaifunira: yolimba, yokakala, yopendekera kukhomo. Lole ikanatha kuimapo. Koma amene ankakhalapo sanali lole.

Mwezi wa June utafika, kuzizira kunkachokera pansi kulowa m'mafupa. A Thumbiko, amene ankabwera kudzawaphunzitsa kuyenda, ankawaimiritsa ndi ndodo kuti ayende kuchoka pabedi kukafika pachitseko. Phazi lakumanja silinkanyamuka, linkangokhwekhwereza, ndipo mizere ya tsache ija inkasupula zala. Nsapato sinkalowa chifukwa phazilo linali lotupa. Anayesa sokosi zokhuthala, zinabooka tsiku lomwelo. Chikuku nacho, munthu akaiwala kumanga buleki, chinkayamba chokha ulendo wotsetsereka, ndipo tsiku lina chinakawagunditsa mawondo pachitseko chachitsulo.

Kenako anagwa. A Veronica anali kubafa, iwo n'kufuna kuyesa okha. Ndodo inakodwa, anagwera mbali yakufa ija, chigongono ndi bondo n'kusupuka kwambiri. Mabalawo anachedwa kupola. Kuyambira pamenepo, a Thumbiko akabwera, a Gwanda ankayang'ana pansi paja n'kugwira bedi mwamphamvu.

"Abambo, mwendo ukagona ugoneratu. Tiyeni, masitepe awiri okha."

"Ayi."

A Veronica anali atasiya benchi lawo la kumsika m'manja mwa mnzawo. Dziko lawo nalo linachepa: galaja, bafa, mbaula, galaja. Chikolopa sichinkagwira ntchito pa konkire imeneyo, chinkangotha ulusi. Phala likatayika, kapena ngozi ikachitika asanafike ndi kabeseni, zonse zinkalowa m'timizere tija n'kusiya fungo. Ankagwada ndi burashi ndi sopo kukwecha mzere uliwonse. Amayi a m'limana akabwera kudzapemphera, ankayamba awathira madzi onunkhira pansi kuti alendo asamve kanthu. Sanadandaule pamaso pa amuna awo. Kamodzi kokha Jemima anawapeza atakhala kuseri kwa bafa, burashi ili m'manja, akungoyang'ana mpanda.

Galimoto panja paja inaphwa matayala. Nkhuku za anansi zinkaikira mazira pansi pake. Trevor anapempha kangapo kuti aziyendetsa ngati takisi, bambo ake ankakana. Mvula itayamba, tenti inang'ambika, madzi n'kulowa m'mipando. Trevor anabweranso, anagwada pafupi ndi bedi.

"Adadi, ikuwola. Ndiloleni ndipite nayo kwa amakaniko ku Biwi akaione, iziyenda. Mukachira ndibweza."

A Gwanda anayang'ana kunja nthawi yaitali. Kenako anagwedeza mutu kuvomera. Inachoka chokokedwa ndi pikapu. Pamene inaima panatsala udzu wachikasu ndi dontho lalikulu la oyilo.

Patapita masiku, m'mawa wina a Veronica akukwecha pafupi ndi bedi, chitenje chinasuntha, mawondo n'kuonekera. Anali akuda, okhakhala, kwina atang'ambika. A Gwanda anawayang'ana. Anatambasula dzanja lamanzere n'kugwira akazi awo paphewa.

"Maxon."

"Mukufuna a Maxon?"

"Eee."

A Maxon atabwera, a Gwanda analoza pansi, n'kuyendetsa chikhatho pang'onopang'ono pamwamba pa bulangete ngati akusita. Analimbana ndi lilime mpaka mawu anatuluka.

"Sa... salazani."

"Zitheka, madala," anatero a Maxon. "Tithira simenti ndi mchenga wosefa pamwamba, tisalaze, koma osati mpaka kuwala ngati galasi, kuti ndodo izigwira. Vuto ndi limodzi. Imeneyi sitingathire theka, pangakhale msoko. Mutulukemo sabata yathunthu kuti iume."

Amuna aja anaitanidwanso. Anawanyamula kukwera masitepe, ndipo kwa nthawi yoyamba pafupifupi chaka chonse a Gwanda analowa m'nyumba mwawo. Anayang'ana mipando, kabati ya mbale, chithunzi chawo cha ukwati. Anthu anaomba m'manja, wina n'kuyambitsa nyimbo yothokoza Mulungu.

Chikuku chinakana kulowa pakhomo la kuchipinda. Anawanyamula m'manja n'kuwagoneka pabedi, chikukucho n'kutsala pabalaza. Amuna aja atabalalika, panalibenso wowachotsa pamenepo. Zenera la chipindacho linayang'ana mpanda wa njerwa, pafupi kwambiri moti dzuwa linkalowa masana okha. Kumsewu sikunkamveka. M'galaja muja ankadziwa nthawi ndi ana opita kusukulu, ndi mayi wogulitsa mandasi, ndi akabaza okangana pa mphambano, ndipo odutsa ankasuzumira kupereka moni. Kuno kunali denga ndi buluzi. Alendo ankathera pabalaza, poopa kulowa kuchipinda kwa eni. A Veronica ankatsika ndi kukwera masitepe ndi ndowa tsiku lonse, ndipo a Gwanda ankamva kupuma kwawo asanafike pakhomo.

Jemima anabwera pakati pa sabata ali wokondwa.

"Adadi, mwafika kwanu tsopano. Bwanji mungokhala konkuno? M'galaja tiika munthu wa lendi."

A Gwanda anamuyang'ana, anayang'ana zenera, n'kutseka maso. Sananene kuti ayi, sananenenso kuti eee. Tsiku limenelo anakana chakudya.

Simenti itauma, a Veronica anakhala m'mphepete mwa bedi.

"Bambo a Jemima, a Maxon akuti kwatheka. Nenani nokha. Tikhale kuno kapena titsike?"

A Gwanda anayang'ana mpanda uja pazenera. Kenako ananena, momveka bwino kuposa masiku onse:

"Kumunsi."

Anawatsitsa Loweruka masana. Pansi panali posalala, potuwa, pakununkha simenti yatsopano. Jemima anabweretsa makatani ndi kalendala, Trevor anakhoma shelefu ya wailesi. A Gwanda anaonerera zonsezo osaletsa chilichonse. Madzulo ake a Veronica anakolopa chipinda chonse ali chiimire.

Ali momwemo mpaka lero. A Thumbiko anawanyengerera mpaka anayambiranso kuima, ndipo masiku abwino amafika pachitseko ndi ndodo, n'kuima atagwira chitsulo, kuyang'ana njinga zamoto zikudutsa. Kupitirira pamenepo pali ngalande imene mvula inakumba, ndiye amabwerera. A Veronica amapita kumsika m'mawa wokha, dzuwa lisanafike pamutu abwerako. Jemima wayamba kunena zoboola khoma lakumbuyo kuti aikepo zenera, mphepo izidutsa nthawi yotentha. Wawafunsa bambo ake kawiri konse, ndipo iwo sanayankhebe.