Malalanje a a Nabanda

Zaka zonsezi ndili ku Tottenham, ku Mangalande kuno, a Nabanda anali asanapondepo pakhomo panga. Lachitatu lapitali ndinangomva belu. Kutsegula, ndi iwo, thumba la malalanje lili m'manja.

"Agogo, mwendo uja uli bwanji?"

Mwendo unayamba kuwawa chaka chatha, aukumbukira lero?

Imani ndikuuzeni. Gulu lathu la amayi a Mvano linatsala pang'ono kusweka. Posankha wapampando anaima atatu: a Nabanda, okondedwa ndi anzathu obadwira ku Zimbabwe, a Nambewe okondedwa ndi manesi, ndi a Nasoko amene tinkawafuna ife okalamba. A Nabanda anaposa pang'ono chabe, koma owakana, mukatiphatikiza, tinali ambiri. Manesi aja anangoti, "Basi, ife tikayamba zathu ku Croydon." Gulu lotizonda m'chipatala, lotiimbira pamaliro kuchilendo kuno, lithe chifukwa cha mpando?

Ndinakadandaulira Akosua, mayi wa ku Ghana amene amandigulitsa therere ndi nsomba zouma. Chizungu changa n'chothyokathyoka, komabe timamvana.

"Mama, kwathu tangochoka kumene pa zomwezo," anatero akuseka. Akuti kwawoko aphungu amapambana ngakhale ndi voti imodzi, koma wofuna upulezidenti ayenera kupitirira theka la ovota onse. Akalephera onse, awiri otsogola amabwereza. Pepala lovotera lili ndi nkhope ndi zizindikiro, iwe umangodinda chala, ndiye ngakhale ine wosadziwa A sangandinamize. Mabokosi ndi oonekera mkati, ndipo amawerenga pomwepo, anthu akupenya. Ulendo uno anabwerezadi, chipani cholamula chinagwa ndi kampata kochepa, n'kuvomereza.

"Ndiye zonse zili bwino kwanuko?"

Anapukusa mutu. Iye ali kuno savota. Lamulo lolola okhala kunja kuvota linadutsa, koma likugonabe. Ena akufuna kuti akuluakulu oyang'anira maboma azisankhidwa ndi anthu, osati kulozedwa chala ndi pulezidenti. Enanso akuti kaundula wa ovota asesedwe, akufa asamavote. Munda wabwino suleka kupaliridwa.

Mlendo amadza ndi kalumo kakuthwa. Nzeru ija ndinaitula kwa amayi anzanga, ndipo atakokanakokana anavomera kuti a Nabanda ndi a Nambewe abwereze. Mwaona tsopano kumene malalanje anachokera? Ife okalamba, amene tinkangokhala kumbuyo ngati matumba, tinasanduka a mtengo wapatali. A Nambewe nawo anaimba foni, mawu ali see ngati uchi.

Ine sindinawabisire a Nabanda. "Mayi, misonkhano yanu yamadzulo ija, mabasi ndi chisanu chino, mukufuna tife?" Anamvetsera, mwina koyamba.

Lamulungu tinabwereza. A Nabanda anapambananso, koma tsopano ndi ambiri a ife, ndipo misonkhano yabwera masana. Za ku Croydon zazilala. Nyimbo yotsekera anaiyambitsa a Nambewe eni ake, nkhope ili gwaa, koma anaiyambitsa.

Kwathu ku Malawi tivota mu Meyi. Kumeneko munthu atha kulowa m'nyumba ya boma atamukana anthu ambiri, bola wawaposa anzake mmodzimmodzi. Wotereyo angavutikirenji kukagogoda kwa amene sanamuvotere? Inu ophunzira ndi okonza malamulo, zimene amayi a Mvano azitha Lamulungu limodzi, dziko lingazilephere?

Malalanje aja ndikudyabe. Ndi otsekemera.