Mtsikana Amene Ankamutcha Zikomo

Tsiku limene anaima koyamba pamaso pa sukulu yonse, mtsikanayu analankhula liwu limodzi lokha.

Ankapikisana nawo pa mpando wa mtsogoleri wa bungwe la ophunzira. Holo inali yodzaza, ena atakhala m'mawindo. Atamupatsa maikolofoni, mawu onse amene anakonza anamuthawa. Anayang'ana nkhope zonsezo, nati, "Zikomo." Basi n'kutsika. Phwete linamuperekeza mpaka pakhomo.

Kuyambira tsikulo dzina lake linasanduka Zikomo. Inu owerenga, taganizani kuwawa kwake. Liwu limeneli sungalithawe. Wofuna kudutsa amati zikomo, wobweza cholembera amati zikomo. Iye sankadziwanso kuti wothokoza ndi uti, wonyoza ndi uti.

Anali mwana wamasiye, woleredwa ndi azakhali ake, atelala a kashopu ka chipinda chimodzi. Mpandowo sankaufunira ulemu. Laibulale ya sukulu inkatsekedwa belu lomaliza likangolira, pamene iye ndi anzake ambiri analibe powerengera kunyumba. Iyeyo ankawerengera pakona pa thebulo lodulirapo nsalu, makina osokera akulira m'khutu.

Tsiku lina anauza azakhali kuti sukulu wasiya.

"Chifukwa cha zikomo?" anafunsa azakhaliwo, mapini ali pakamwa. "Ine anthu amanyamula madiresi awo osandiuza n'komwe zikomo. Iwe ukuzilandira tsiku lonse, ukuliranso? Uzindibweretserako."

Mtsikanayo anaseka misozi ili m'masaya. Kanali koyamba kuti dzinalo limuseketse mwini wake.

M'mawa mwake anapita kusukulu. Akaweruka, ankaima pakati pa shopu n'kumalankhula kwa madiresi opachikidwa pakhoma. Atazolowera, anayamba kulankhula kwa amayi odikira zovala zawo. "Kweza mawu mwana iwe, makina akukuposa," ankamudula azakhali. Masiku ena lilime linkamangikanso, koma mawa lake ankaimanso pomwepo.

Chisankho china chitafika, analembetsanso dzina. Unali mwayi wake womaliza, pakuti chaka chotsatira ankamaliza sukulu. Wopikisana naye anali mnyamata wothwa pakamwa amene ankamutcha Loya. Loya analankhula koyamba, ndipo anthu anaomba m'manja mpaka kuwawa.

Mtsikanayo atangodzuka, a kumbuyo anayamba kuimba: "Zi-ko-mo, Zi-ko-mo." Aphunzitsi aakulu anaimirira kuti awaletse. Mtsikanayo anagwira maikolofoni. Anadikira mpaka phokoso litazirala.

"Zikomo," anatero.

Anatembenuka ngati akutsika. Holo inaphulika ndi phwete. Atafika pa masitepe anaima, n'kubwerera pang'onopang'ono.

"Chaka chatha ndinakupatsani mathero a mawu anga," anatero. "Pepani, chiyambi chake ndinachiiwala kunyumba. Lero ndabwera nacho."

Ophunzira anasekanso, koma kuseka kwake kunali kwina. Tsopano ankaseka naye limodzi.

"Ndiyamikenso kuti kampeni mwandichitira chaka chonse. Palibe tsiku limene simunatchule dzina langa. Ngakhale a Loya dzulo anandiitana podutsa pakhomo la kalasi."

Loya anagwira pamimba ndi kuseka, mutu uli pa mawondo.

Bata litabwerera, mtsikanayo anafunsa motsitsa mawu: "Ndani muno amawerengera pabondo chifukwa kunyumba kulibe thebulo?"

Kenako manja anayamba kukwera limodzilimodzi, mpaka kumbuyo kuja kwa oimba nyimbo. Apo anafotokoza za laibulale, ndi mmene ophunzira angamasinthanirane kuiyang'anira mpaka madzulo. Nthabwala inatsegula makutu, koma chimene chinalowamo chinali choonadi.

Anapambana. Atafika kushopu, azakhali sanasiye kupalasa makina. Anangoti, "Ndiye madiresi anga awa aziwalankhula ndani?"

Laibulale inayamba kutsekedwa dzuwa litapendeka. Ophunzira potuluka ankadutsa pamene iye wakhala n'kunena kuti, "Zikomo." Sanafunsenso kuti akutanthauza zikomo uti.

Mwina nanunso anakupatsani dzina pa tsiku limene munagwa. Musalithawe. Litoleni, mulipukute fumbi, mukaime nalo pomwe munagwera paja. Chimene anthu akukusekerani lero chingakhale chiyambi cha mawu anu mawa. Musataye mtima, bwererani pa maikolofoni.