Chala cha Somoe

Somoe anagwira ntchito yoswa korosho, mtedza wa mbibu uja, zaka khumi ndi zinayi pa fakitale ina ku Mtwara, m'dziko la Tanzania. Liwiro lake, eee! Anzake akamadzaza beseni loyamba, iye amakhala ali pa lachiwiri. Koma mafuta a m'makoko a korosho amawotcha. Anamudya zala mpaka timizere tonse tinafufutika, zala n'kutsala see ngati sopo wotha.

Kale zinalibe kanthu, poti mlonda ankangoitana mayina pageti. Kenaka mabwana anaika kamakina pakhomo: uike chala, kakuzindikire, dzina lako lilowe mu kompyuta ya kulikulu kuti wabwera. Wojomba masiku asanu, ntchito yatha.

Lolemba kamakina kanamukana, nyali yofiira psuu. Anapukuta chala pansalu, kukana. Anachinyambita, kukana ndithu.

"Achemwali, mawa mubwereke chala cha amuna anu!" anakuwa Asumini, mnzake wa pabenchi, mzere wonse n'kufa nazo. Somoe anaseka nawo.

Anapita kwa kapitawo. "Bambo Mnali, si ine ndaima panoyu? Simukundiona?"

"Ndikukuonani, mayi, koma kompyuta siimva za maso anga. Ndilemba kalata kulikulu."

Kulikuluko kunangoti zii. Somoe anadzola mafuta a kokonati, ananyika manja m'madzi a mandimu, osathandiza. Namwino wa kuchipatala anati akapumitsa manja mwezi wathunthu, timizere tibwerera. Mwezi! Nanga kupumako si kujomba komweko? Ana ake atatu adya timizere?

Sabata yonse ankafika woyamba, mlonda n'kumulowetsa mwachisoni, iye n'kuswa korosho mpaka madzulo. Tsiku lachitatu ngakhale Asumini anasiya nthabwala. Zinali zowawa, anthuni, kumuona akugwira ntchito mwamphamvu chonchija podziwa kuti kompyuta ikumuwerenga ngati munthu amene wagona kunyumba.

Loweruka anamuitanitsa ku ofesi, manja akadali akuda ndi mafuta. Kalaliki anamuwerengera kalata yoti wachotsedwa ntchito chifukwa chojomba masiku asanu popanda chifukwa.

"Sainani apa."

"Sindidziwa kulemba, mwanangu."

Kalaliki anamugwira chala, n'kuchinyika mu inki, n'kuchidinda papepala. Panangotuluka chibanga chakuda bii, chopanda mzere ndi umodzi womwe. Anachiyang'ana pang'ono, n'kutseka fayilo.

"Basi, mayi, chimenechi chakwana."