Mkazi Wouluka pa Umasiye

Ana a sukulu ankamukonda Irène Callewaert chifukwa cha kamluzu. Akalowa m'kalasi ndi chikwama cha mabuku ake n'kuyamba kuwerenga, mawu aliwonse okhala ndi "s" ankatuluka ndi likhweru pakati pa mano, ana n'kumafa ndi phwete. Iyenso ankaseka nawo. Aphunzitsi achikulire, amene ankakumbukira nkhope yake pa wailesi yakanema, sankaseka. Ankadziwa kuti mayiyu kale ankayankhula mosalala, ndipo ena a iwo ankadziwanso chimene chinasintha kayankhulidwe kakeko.

Irène anabadwira m'mudzi wina kufupi ndi tauni ya Oudenaarde, bambo ake ankagwira ntchito pafakitale yoluka nsalu. Chuma chake chinali liwu. Ankawerenga m'tchalitchi, ankachita zisudzo m'holo ya parishi, ndipo ku Brussels atalengeza kuti akufuna atsikana olengeza mapologalamu pa kanema, anakwera sitima atabwereka nsapato. Anamutenga. Masiku amenewo kanema m'mudzimo inali imodzi yokha, ya pabala ya Achiel, ndipo madzulo mudzi wonse unkadzazana mmenemo kudzaona mwana wa Callewaert akunena kuti, "Madzulo abwino, okondedwa owonera."

Anakwatiwa ndi Firmin Dobbelaere, mmisiri womanga nyumba, wamapewa otambalala, woseka ndi aliyense. Anthu ankati banja ndi limeneli. Chikomekome cha mkuyu. Firmin anali woweta nkhunda zampikisano, ndipo kwathu kuno munthu wotere amakhala atakwatira kale asanakumane ndi mkazi. Khola lake linali kuseri kwa nyumba, lopaka penti bwino kuposa khitchini.

Nkhunda zake ankaziulutsa pa umasiye, monga achitira oweta onse odziwa. Yamphongo amaisiyanitsa ndi yaikazi sabata yonse. Tsiku lonyamuka amaionetsa mkazi wake pang'ono chabe, isanamukhudze n'komwe aitsekera m'dengu, ulendo wa ku France. Lamulungu m'mawa akaitsegulira kumeneko, imauluka mtima uli kumodzi, siima pamtsinje kapena pamunda. Ikatera n'kulowa m'khola, mwini wake amavula kamphete ka labala kumwendo kwake n'kukaponya m'wotchi yodinda nthawi. Ikakhala padenga osalowa, mphindi zimapita ndipo mpikisano watha. N'chifukwa chake Lamulungu lampikisano, poopa kudzidzimutsa nkhunda, palibe amene amayanika zovala, galu amatsekeredwa, mwana samalira. Yochedwa kubwera Firmin ankaipotokola khosi pomwepo ikadali ndi befu, ndipo madzulo inkadyedwa ndi nsawawa.

Mavuto anayambira kwa Achiel. Amuna akamwa, pakamwa pamayabwa.

"Firmin, mkazi wako dzulo amandiyang'ana ine," anatero wina. "Diso lili pa ine ndithu."

"Ine wandiuza kuti ndigone bwino," anatero mnzake. "Nanga iwe anakuuza?"

Firmin ankaseka nawo n'kuwagulira mowa. Akafika kunyumba ankatseka chitseko ndi kiyi. Ankamenya mkazi wake ndi chibakera m'nthiti, ndi lamba kumsana, ndi nsapato yantchito m'miyendo, koma pakhosi ankalekezera. Ankanyadira mwambo umenewu ngati kuti ndi ulemu.

"Nkhopeyo ndi ya dziko," ankatero. "Zotsalazi ndi zanga."

Mawa lake Irène ankakhala kutsogolo kwa kamera atavala malaya amanja aatali, akumwetulira, akupuma pang'onopang'ono kuti nthiti zisabaye. Apongozi ake, mai Zulma, ankakhala nawo nyumba yomweyo m'chipinda chapansi. Khutu lawo lamanzere silinkamva, koma lamanja linkamva zonse.

"Wakwatiwa kwa mphezi saopa kung'anima, mwananga," ankatero akumupaka mafuta pamsana. "Tonse tinadutsa momwemo."

Mwana wawo Marleen atabadwa, Irène anapempha kuti apeze kachipinda ku Brussels, azikhala ndi mwana pakati pa sabata. Firmin anakana, ndipo anayamba chizolowezi chatsopano. Mkazi wake akamanyamuka kupita kusiteshoni, iye ankanyamula mwanayo n'kuima naye pazenera, kumugwedeza kadzanja. Irène ankayesa chikondi. Tsiku lina akuchokera kumsika anamva mwamuna wake kuseri kwa mpanda akufotokozera woweta mnzake.

"Amandifunsa kuti mkazi wa pa kanema umamusunga bwanji. N'zosavuta. Ndimamuulutsa pa umasiye. Umuonetse mwana pang'ono, umutsekulire dengu. Aona mabwana angati ku Brussels? Koma sitima yomweyo, ali pano."

Anaseka onse awiri. Irène anaima ndi dengu la mbatata m'manja, manyazi atamugwira mpaka m'mafupa, chifukwa zinali zoona. Ndipo akachedwa ndi sitima imodzi yokha, ankapeza Marleen atatsekeredwa m'kachipinda ka malasha, mawu atasasa ndi kulira, nkhope ili bii. Kuyambira pamenepo anasiya ngakhale kumwa khofi ndi anzake akaweruka. Ankavula chovala cha pa kanema akuthamanga.

Chinthu chimodzi chokha chinali chawo awiri. Lamulungu lampikisano, poti phokoso linali loletsedwa, mayi ndi mwana ankalowa pansi pa tebulo la kukhitchini, nsalu itawaphimba, Irène n'kumanong'oneza nthano zopeka pomwepo kuti mwana asalire. Zinali za nkhunda yaikazi yotchedwa Berta, imene inkakhala m'bokosi kudikira mwamuna, osaulukapo ndi tsiku limodzi, koma inkadziwa miseche ya khola lonse.

Marleen ali m'kalasi yoyamba, kunagwa chipale chofewa chimene chinaimitsa sitima zonse. Irène anagona kwa mnzake wantchito ku Brussels, n'kufika kunyumba m'mawa. Anapeza Firmin patebulo akupukuta wotchi yake yodinda nthawi. Munthuyu anadzuka, n'kuika wotchiyo bwinobwino pa mpando wofewa kuti isagwedezeke. Kenako anatenga chitsulo chopalira zitosi m'khola. Mwambo wa nkhope uja anauiwala. Chitsulo chinatera pansagwada kawiri, ndipo Irène anamva fupa likuthyoka asanamve ululu. Magazi anafika mpaka pakhoma. Mai Zulma anasesa mano a mpongozi wawo ndi tsache, n'kukauza dokotala kuti wagwa pamakwerero. Dokotalayo naye anali woweta nkhunda, ndipo analemba zomwezo.

Anamumanga nsagwada ndi waya kwa miyezi. Atamumasula, likhweru lija linali litakhazikika. Ku Brussels anamulandira ndi mawu okoma, anamuyesa kutsogolo kwa kamera kamodzi, basi anaona msana wa njira ali ndi maluwa m'manja. Firmin anasangalala. Mbalame yothyoka phiko siifuna dengu.

Koma m'miyezi ya waya ija munali mutachitika kanthu. Poti sankatha kunong'ona, Irène anayamba kulemba nthano za Berta pamapepala a matumba a chakudya cha nkhunda, ndi zilembo zikuluzikulu, ndipo Marleen ankaziwerenga pansi pa tebulo chala chili pa mzere. Mwanayo anaphunzirira kuwerenga pamenepo. Akafika pa mawu ovuta ankakwinya nkhope, mayi n'kufufuta, kuika ena. Luso lonse limene anthu anadzamuyamikira nalo pambuyo pake analiphunzira kwa mwana wokwinya nkhope.

Kuthawa ankakuganiza tsiku lililonse, koma Firmin anali atamuchenjeza. "Pita lero lomwe. Koma mwana ndi wa m'khola muno. Ukamutenga, ndikupeza usanafike kusiteshoni, ndipo chotsalacho ndimaliza."

Chilimwe chotsatira, Lamulungu lina, Marleen anali pakhomo la khitchini pamene nkhunda imodzi inkatera. Anayetsemula. Mbalame inadzidzimuka, inakwera padenga la oyandikana nawo, n'kukhala kumeneko. Itatsika, Firmin anaigwira, anaitana mwana wake, anamugwiritsa mapiko kuti amve mmene ikuphupha, n'kuipotokola khosi mpaka mutu unatsala m'manja mwake. Kenako ndi dzanja lamagazi lomwelo anamuwomba mwanayo pakhutu. Marleen anagwera pamiyala, m'khutu mukutuluka magazi.

Mai Zulma ndiwo anamutsuka. Sananene mwambi tsiku limenelo. Atamaliza anagwira khutu lawo lamanzere lija, nthawi yaitali.

"Mai a Marleen," anatero pomaliza, "mpikisano wa ku Bourges uli liti?"

Uwu ndiwo unali mpikisano umene Firmin ankaulota chaka chonse. Anali ndi yamphongo yotuwa, dzina lake Kaiza, ndipo mudzi wonse unkati chaka chino chikho n'chake. Lamulungu limenelo anatseka chitseko chakumaso n'kuika kiyi m'thumba, monga mwa masiku onse. Njira yotsala inali ya kuseri, yodutsa pafupi ndi khola penipeni. Wailesi inalengeza nthawi imene nkhunda zatsegulidwa ndi kumene mphepo ikuchokera. Masana, m'minda yonse ya kuseri kwa nyumba munaima amuna, makosi ali m'mwamba, mudzi uli zii.

Kadontho kanaoneka kumwera. Anali Kaiza, yekha, palibe ina patsogolo pake. Firmin anayamba kugwedeza chitini cha chimanga, akuimba likhweru lake lofewa. Pomwepo mai Zulma anatuluka ndi beseni. Anayanika nsalu zoyera za pabedi pachingwe, imodzi, ina, inanso, osafulumira, ndipo mphepo inazikupiza. Kaiza anali atapinda kale mapiko kuti atere. Anadzuka, n'kuyamba kuzungulira pamwamba pa denga.

"Amayi," anatero Firmin ndi mawu a m'mano. "Chotsani izo."

"Ukuti chiyani? Lankhulira mbali iyi, khutu ili bambo ako anatseka."

Apo ndi pamene Irène anatuluka, sutikesi kudzanja lina, Marleen kudzanja lina, mapepala a nthano aja ali m'khwapa. Anadutsa pafupi kwambiri moti anamva fungo la fodya wa mwamuna wake. Firmin anagwira njakata. Kukuwa sakanatha, Kaiza akanathawira padenga la tchalitchi. Kusiya chitini sakanatha. Maso ake ankapita kumwamba, kubwera kwa mkazi, kubwerera kumwamba.

"Iwe," ananong'ona. "Ponda panja pa getipo uone."

"Nkhunda yanu ikuchedwa, bambo a Marleen," anayankha Irène, likhweru lake likumveka. Anatsegula geti.

Oweta oyandikana nawo anaona zonse, ndipo palibe anatsitsa khosi. Kumbuyo kwawo chitini chinkalirabe.

Kusiteshoni anadikira sitima, Irène akuyang'ana msewu, akudziwa kuti munthu wamiyendo yaitali ngati uja akhoza kufika nthawi ina iliyonse. Sitima inafika. Anakwera. Marleen anagwada pampando, thonje lili m'khutu, mphuno ili pagalasi, akuyang'ana msewu womwewo.

"Asatipeze, eti?" anatero mayiyo, akumusisita.

"Akubwera," anatero mwana. "Akungolowetsa Kaiza, kenako athamanga. Tiwadikire pang'ono, amayi."

Irène anali atakonzekera kumenyedwa pasiteshoni, anali atakonzekera magazi, koma izi sanazikonzekere. Mwanayu sankaopa kuti bambo ake afika. Ankafuna kuti afike. Sitima inagwedezeka, msewu uli wopanda munthu, ndipo Marleen anakhala choncho pagalasi mpaka mudzi unabisika.

Firmin sanawalondole tsiku limenelo kapena lina lililonse. Kaiza analowa mochedwa n'kutenga malo achinayi, ndipo madzulo omwewo anadyedwa ndi nsawawa. Mai Zulma anasamukira kwa mchemwali wawo ku Ronse ali ndi diso lotupa. Akafunsidwa ankati anangoiwala kuti linali Lamulungu.

Ku Brussels Irène anayamba ndi kutsuka mbale m'nyumba yodyera, kenako kuwerenga zolakwika m'zolemba pakampani ina yosindikiza mabuku. Kumeneko wina anaona nthano za Berta n'kuzitengera kwa bwana. Ana anazikonda chifukwa sizinkawanamiza: munali mdima, munali akuluakulu oopsa, komanso munali zoseketsa. Analemba mabuku ambiri kwa zaka zoposa makumi atatu, n'kumayenda nawo m'masukulu ndi sitima, dziko lonse, kuyambira kunyanja mpaka ku Limburg. Marleen anakula, anakhala namwino, khutu limodzi likumva pang'ono. Kumudzi kuja sanapondekonso, ngakhale pa maliro a bambo ake.

Owerenga achikulire ankadandaula chinthu chimodzi. Ankati m'mabuku a mayi Callewaert mumabwerabwera nkhani yomweyo: kaya ndi ya nkhunda, kaya ya galu wa m'ngalawa, kaya ya mwana wa msilikali, penapake pamakhala bambo amene wataya zonse zili m'manja n'kuthamangira sitima, chipewa chitagwa, akuitana dzina la mwana wake. Mtolankhani wina anamufunsa ngati zimenezi zinamuchitikira.

"Ayi," anatero Irène. "Pali munthu amene anadikira pagalasi, ndiye ndimangomutumizira bambo ameneyo."