Tsiku Limene Ndinaika Apongozi M'sewero

Anthu akandifunsa kuti ndinayamba liti kulemba masewero a pa kanema, ndimangoseka. Kanema wake uti? Nthawi ya atsamunda ija, kwathu ku Nsamala ngakhale wailesi tinkakaimvera pawindo la ku mishoni. Ine ndinali mphunzitsi wachinyamata, mkamwini pamudzi wa eni, wodzimva ngati nzeru zonse anazisiya kwa ine.

Atandiuza kuti ndikonze sewero la tsiku lotsekera sukulu, mutu unaima. Koma apongozi anga aakazi anali ndi pakamwa, abale inu! Mwa mwambo sitinkayang'anizana, ndipo tikakumana panjira ndinkapatukira kutchire. Ndiye akafuna kundidzudzula ankakalipira nkhuku. "Iwe tambala, umangodya gaga wa eni, khasu sulidziwa!" Ine ndili m'nyumba phee, pensulo m'manja, kulemba zonse.

Mbali ya mayi wolongolola ndinapatsa mphunzitsi mnzanga, bambo wandevu, n'kumuveka chilundu ndi duku. Dzina ndinasintha, mudzi ndinasinthanso. Ndinkati palibe angazindikire. Uchitsiru wanga!

Tsikulo, wandevu uja atangoyamba kukalipira tambala, bwalo lonse linacheukira apongozi, amene anakhala pamphasa kutsogolo kwenikweni. Anthu anaseka mpaka misozi. Mkazi wanga anadzifunditsa nsalu kumutu. Ine thukuta kamukamu, poti mkamwini akalakwa sachedwa kumupindira mphasa yake. Mkazi wangayo ndinkamukonda, ndipo ndinachita mantha zedi kuti banja latha.

M'mawa mwake anandiitanitsa. Ankhoswe, amalume a mkazi wanga, anakhala pakati. Apongozi anandifulatira, ine n'kugwada chapatali.

"Auzeni aphunzitsiwo," anatero apongozi kwa ankhoswe, "kuti wandevu uja sadziwa kukalipa. Amathamanga. Tambala umayamba wamuyang'ana kaye, azindikire kuti walakwa."

Ankhoswe anabwereza mawu onsewo osaseka ngakhale pang'ono, ngati ine ndinali kutsidya kwa Shire.

"Afunseni ngati ndimange katundu wanga," ndinatero.

"Iyayi, apite kuti? Mwana wanga walira kale dzulo, alirenso kawiri? Akhale. Koma afunseni ichi. Makutu ali nawo, taona, zonse zimene ndimanena analemba osasiyako. Nanga maso? Chaka cha njala chija, iwo atagona ndi malungo, mwana wanga ali m'chikuta ndi khanda, phala limene ankalipeza pakhomo m'mawa uliwonse ankati likuchokera kuti? Linkagwa kumwamba?"

Ankhoswe anatsegula pakamwa kuti abwereze. Ndinawauza kuti asavutike, ndamva ndekha. Phalalo ndinamwa milungu itatu yathunthu, m'chaka chimene anthu ankadya mizu, ndipo sindinafunsepo ngakhale kamodzi kuti amene ankaphikayo ankadya chiyani.